LAMULO NDI BANJA: Nanga munda wa mkazi wamasiye?

Mwezi uno tikambirane za lamulo lina limene ambiri timalichula pamaliro koma osalidziwa pamene limathera. Ndilo lamulo la kagawidwe ka cuma ca munthu amene wamwalira osasiya wilu, limene Nyumba ya Malamulo ya Zambia inakhazikitsa m'caka ca 1989. Lamuloli likuti pa magawo 100 a cuma, 50 apite kwa ana, 20 kwa mkazi kapena mwamuna wotsala, 20 kwa makolo a womwalirayo, ndipo 10 kwa ena amene anali kudalira iye. Nyumba ndi katundu wa m'nyumba nza wotsalayo pamodzi ndi ana, ngakhale kuti ufulu wace wokhala m'nyumbamo umatha akalowa m'banja lina.

Lamuloli ndi labwino ndithu, ndipo lapukuta misozi ya amai ambiri m'makomboni a Lusaka. Koma lili ndi mpanda wace: silikhudza nthaka imene womwalirayo anali nayo mwa mwambo. Tsono taganizani za boma la Chongwe, kumene mabanja oculuka amalima minda imene anapatsidwa ndi nyakwawa, m'dziko la Asoli la Mfumu Yaikulu Nkomeshya Mukamambo II. Kumeneko cuma ceniceni ndi munda. Mai angapatsidwe mipando, mbale ndi njinga monga mwa lamulo, koma acibale a mwamuna akati, "Mlamu, munda uwu ngwa kwathu," lamulo la 1989 limangokhala cete. Ndipo popeza Lusaka ikukulira cakum'mawa motsata mseu wa Great East, munda umene kale unali wa cimanga cabe lero ukuoneka ngati ndalama. Dyera nalo lakula.

Kodi Malamulo Aakulu a dziko lathu saletsa tsankho? Amaletsa. Gawo 23 likuti munthu asasalidwe cifukwa ca mtundu, cipembedzo, kapena cifukwa cakuti ndi mkazi kapena mwamuna. Makhoti anaonetsapo mphamvu pa nkhani zotere. Mai Edith Nawakwi anapambana mlandu wakuti mai angathe kulembetsa ana ace m'pasipoti popanda cilolezo ca bambo wao, ndipo m'caka ca 1992 Mai Sara Longwe anagonjetsa hotela ya Intercontinental imene inali kuletsa akazi kulowa m'bala popanda mwamuna. Komabe ndime yacinai ya Gawo 23 lomwelo imapatula nkhani za ukwati, cisudzulo, maliro, cuma ca masiye ndi malamulo a mwambo. Ndiye kuti khomo latsekedwa m'malo momwe amai akumudzi amapwetekedwa kwambiri.

Akatswiri a zamalamulo alembapo zambiri pa ndime imeneyi. Profesa Muna Ndulo, m'caka ca 2011, anatsutsa zoteteza mwambo wosala akazi pansi pa Malamulo Aakulu, ndipo Profesa Chuma Himonga anafufuza mozama za malamulo a banja ndi a cuma ca masiye m'Zambia. Mfundo imene imandigwira mtima m'maphunziro otere ndi iyi, yakuti mwambo weniweni sunali wolanda. Wolowa m'malo mwa womwalira ankatenga munda pamodzi ndi udindo wodyetsa mkazi ndi ana. Masiku ano ena amanyamula munda, udindo n'kuusiya kumanda, kenaka n'kumati, "Ndi mwambo wathu."

Mpata wokonza unapezeka pa 11 August 2016, pamene tinafunsidwa pa referendamu ngati tikufuna mndandanda watsopano wa maufulu a anthu. Ambiri mwa ovota anavomera, koma ciwerengero sicinafike pa theka la onse oyenera kuvota, motero Gawo 23 linatsala monga linalili. Tingoyamika kuti kusintha kwina kwa caka comweco kunanena poyera kuti mwambo wotsutsana ndi Malamulo Aakulu ulibe mphamvu. Mmene mfundo ziwirizi zidzagwirizanire ndi nchito ya oweruza, koma mai wa ku Chalimbana sangadikire oweruza pamene mvula yoyamba yagwa.

Ife Akristu tili ndi citsanzo m'buku la Numeri, mutu 27, pamene ana aakazi a Zelofehadi anapempha colowa ca atate ao pamaso pa Mose, Mulungu nawavomereza. Iwo sanapite mobisa, anaima pamaso pa msonkhano wonse. Nkhani ya munda nayonso imafuna mboni. Bambo, mukali moyo, pitani ndi akazi anu kwa anyakwawa, maina a nonse awiri alembedwe pa munda umenewo, acibale a mbali zonse ali pomwepo. Maliro akagwa, a mphakati asathere pa kuphika ndi kuimba cabe. Akhalepo pa tsiku logawa katundu, ndipo aperekeze namfedwa kwa anyakwawa. Ngati wina wanyamula kale katundu wa m'nyumba, umenewo ndi mlandu, ndipo kupolisi kuli ofesi ya Victim Support Unit imene imalandira madandaulo otere.