Kamera ikhale m'manja mwa eni nkhalango

Mbuzi ikalowa m'munda, mwini munda amaigwira n'kupita nayo kwa amfumu kuti ikhale umboni. Nanga munthu angachite bwanji ngati woononga wabwera ndi makina ochekera mitengo, munda wake uli nkhalango yoyenda masiku ambiri, ndipo boma likuti palibe chomwe chikuchitika?

Awa ndiwo mavuto a anthu a mtundu wa Uru-eu-wau-wau m'chigawo cha Rondônia, m'nkhalango ya Amazon ku Brazil. Anthuwa adakumana koyamba ndi nthumwi za boma m'chaka cha 1981, ndipo matenda obwera ndi alendo adapha ambiri. Filimu yonena za iwo yotchedwa The Territory, yomwe idatuluka mu 2022, idati otsala ndi pafupifupi 200 basi. Malo awo ndi okula masikweya kilomita 18,000, kuposa theka la nyanja ya Malawi, ndipo azunguliridwa ndi minda komanso madyetsero a ng'ombe.

Jair Bolsonaro atakhala mtsogoleri wa dzikolo mu 2019, olanda malo adalimba mtima chifukwa iye adanena poyera kuti sadzapatsanso eni nthaka malo ena. Mu Epulo 2020, Ari Uru-eu-wau-wau, mphunzitsi yemwe ankalondera nawo nkhalango, adaphedwa ndipo mtembo wake udapezeka m'mbali mwa msewu.

Chaka chomwecho, mliri wa Covid-19 udaletsa Alex Pritz, yemwe ankatsogolera ntchito yojambula filimuyi, kulowa m'midzi yawo. Makamera adatumizidwa kwa eni ake. Mtsogoleri wawo wachinyamata Bitaté, mnzake Tangãi ndi ena adayamba kujambula okha zisakasa za olanda malo, mitengo yogwetsedwa ndi malo otenthedwa. Adagwiritsanso ntchito tindege topanda woyendetsa, tija amati madironi.

Apa ndiye pagona nkhani. Mlendo wojambula amabwera, n'kutola zomwe zamusangalatsa, n'kubwerera kwawo. Mwini malo amadziwa kanjira kalikonse, amadziwa mtengo womwe udalipo dzulo koma lero palibe, ndipo sachoka. Zomwe wajambula zimaonetsa tsiku ndi malo, choncho wapolisi kapena woweruza sangazikane mophweka ngati mmene amakanira mawu apakamwa. Paja mlandu suola.

Ena akuti kamera ndi chinthu chachilendo chomwe chingaphe chikhalidwe. Koma ku Brazil komweko ntchito ya Vídeo nas Aldeias, yomwe Vincent Carelli adayambitsa mu 1986, yathandiza mitundu yambiri kusunga magule, miyambo ndi ziyankhulo zawo pa kanema. Chopha chikhalidwe n'kutha kwa nkhalango.

Komabe, kamera payokha siimanga wakuba. The Territory idapata mphoto ku Sundance mu 2022 komanso ya Emmy mu 2024, koma mphoto sizizimitsa moto. Mu 2021 Amazon ya ku Brazil idataya masikweya kilomita oposa 13,000. Pofika 2024, boma la Luiz Inácio Lula da Silva litabwezera mphamvu kwa oyang'anira zachilengedwe, chiwerengerochi chidatsika kufika pafupifupi 6,500.

Choncho ofuna kuthandiza eni nkhalango awapatse makamera ndi maphunziro m'malo mongowajambula. Nalo boma likalandira umboniwo lichitepo kanthu msanga, ndipo liteteze ojambulawo. Achinyamata a Uru-eu-wau-wau adachita mbali yawo, ndipo adaika mnzawo m'manda ali pa ntchitoyo.