Tisanapite kutali, tiyambe taona Nguludi, Mbombwe ndi Magomero

Achinyamata anzathu ndi akhristu nonse, mukatchula dzina la Mikolongwe kwa munthu wa ku Karonga kapena ku Nsanje, chimene chimayamba kumufikira m'mutu ndi nkhuku zakuda zija zoikira mazira ambiri. Sitikudandaula nazo, pakuti nkhukuzo zalera mabanja ambiri. Koma dera lathu lili ndi chuma china chimene sichitchulidwa kawirikawiri. Kufupi ndi ife kuno kuli malo atatu amene wolemba mbiri ya Chikhristu m'Malawi sangawalumphe: Nguludi, Mbombwe ndi Magomero. Onsewa munthu angathe kuwayendera tsiku limodzi, kunyamuka m'mamawa n'kudzagona kwawo. Ganizo lathu sabata ino ndi lakuti magulu a achinyamata ayambe kukonza maulendo otere, ndipo akhale maulendo a anthu ochepa, okhala ndi wowatsogolera wodziwa bwino mbiri ya malowo.

Tonse tikuwadziwa maulendo amene amakonzedwa kawirikawiri: basi yaikulu yodzaza thothotho, nyimbo zokweza, ulendo wa kunyanja ku Mangochi kapena ku phiri la Mulanje. Palibe choipa pamenepo, kusangalala pamodzi ndi mphatso ya Mulungu. Koma malo opatulika ndi manda sayenderedwa motero. Khamu likatsika basi, amene ali kutsogolo ndiwo amamva zofotokozedwa, akumbuyo amangojambula zithunzi ndi mafoni. Pobwerera aliyense amakhala ndi chithunzi cha khoma limene sakudziwa amene adalimanga, kapena amene adaligwetsa.

Tingaphunzirepo kanthu pa zimene zimachitika ku Japan. Alendo ambiri opita ku mizinda yakale ya Kyoto ndi Nara amayenda m'timagulu ting'onoting'ono ndi munthu wowatsogolera. Iye amawaphunzitsa kuwerama pachipata cha kachisi wa chipembedzo cha Shinto, kusamba m'manja asanalowe, kuvula nsapato m'nyumba zopemphereramo za Abuda, ndi kutsitsa mawu. Mlendo sauzidwa kuti apembedze nawo, koma amaphunzira kulemekeza malo amene eni ake amawaona kuti ndi oyera.

Kwa ife Akatolika, mzinda wa ku Japan umene umatikhudza kwambiri ndi Nagasaki. Pa phiri la Nishizaka, pa 5 Febuluwale 1597, Paul Miki ndi anzake 25 adapachikidwa pamitanda chifukwa cha chikhulupiriro. Mu 1614 Chikhristu chidaletsedwa m'dziko lonselo, ndipo kwa zaka pafupifupi 250 akhristu adapemphera mobisa, wansembe alibe. M'midzi yawo munkakhala mkulu wosunga kalendala ya masiku oyera ndi wina wobatiza ana. Pa 17 Malichi 1865, kagulu ka anthu a ku Urakami kadalowa m'tchalitchi cha Oura n'kudziulula kwa Bambo Bernard Petitjean kuti nawonso ndi akhristu. Mu 2018 bungwe la UNESCO lidaika malo 12 okhudza akhristu obisalawa pa mndandanda wa malo ofunika pa dziko lonse. Ambiri mwa malowa ndi midzi wamba ya alimi ndi asodzi. Wopitako yekha angaone minda, nyanja ndi nyumba basi. Chimene chimawapatula chili m'kamwa mwa wofotokoza.

Ndi momwemonso kuno kwathu. Tiyerekeze kuti tanyamuka pa Mikolongwe anthu 12, minibasi imodzi, tagwira msewu wa Midima ndipo takhotera ku Nguludi kukachita Misa ya m'mawa. Ansembe a chipani cha Montfort adafika ku Nzama, m'boma la Ntcheu, mu 1901, ndipo mu 1903 adatsegula mishoni ya Nguludi. Kumeneko ndiko kunkakhala Ambuye Louis Auneau, amene adakhala episkopi mu 1910 ndipo pambuyo pake adayambitsa chipani cha asisitere achimalawi cha Servants of the Blessed Virgin Mary. Lero tikafikako timaona chipatala cha St Joseph, sukulu ya anamwino, sukulu ya ana osamva ya Mary View, ndi Catholic University of Malawi imene idatsegulidwa mu 2006. Zonsezi maso amaziona okha. Chimene maso sangaone ndi chakuti pa 26 Januwale 1915 mishoniyi idaukiridwa ndi kutenthedwa, ndipo wansembe wina, Bambo Swelsen, adavulazidwa koopsa. Amene adachita izi sanali achifwamba ochokera kutali. Anali akhristu, anthu a John Chilembwe, anansi a m'boma lomweli.

Wachinyamata aliyense womva izi adzafunsa kuti: chifukwa chiyani? Funso limeneli silingayankhidwe mokwanira tili pa Nguludi. Tiyenera kukweranso minibasi kupita ku Mbombwe, ku Providence Industrial Mission, kumene ambiri timangoti ku PIM.

Chilembwe adapita ku America ndi Joseph Booth mu 1897, adaphunzira za ubusa ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia, ndipo atabwerako adakhazikitsa mishoniyi mu 1900. Adatsegula sukulu m'midzi, adaphunzitsa anthu ntchito zamanja ndi kudzilemekeza, adamanga tchalitchi chachikulu cha njerwa. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itayamba mu 1914, iye adadzudzula poyera kutengedwa kwa anthu akuda kukafera nkhondo imene sinali yawo. Pa 23 Januwale 1915 anthu ake adaukira boma la atsamunda. Panthawiyo pakati pa mishoni ya Nguludi ndi ya Mbombwe panali kukayikirana ndi kulimbirana midzi yoikamo sukulu, ndipo oukirawo ankaona Akatolika ngati a mbali ya boma. Zinthu zidatha msanga. Asilikali adagwetsa tchalitchi cha Chilembwe, iye adaphedwa pa 3 Febuluwale 1915, ambiri mwa anthu ake adaphedwa ndi boma ndipo ena adatsekeredwa m'ndende. Mishoni idakhala yotseka mpaka 1926 pamene Dr Daniel Sharpe Malekebu adadzaitsegulanso. Choncho m'masiku ochepa chabe nyumba ziwiri za Mulungu zidawonongeka m'boma limodzi, ina ndi moto, ina ndi dzanja la asilikali.

Pa Mbombwe padzatuluka funso lina: kodi mkwiyo wonsewu udachokera kuti? Yankho lake lili ku Magomero, kufupi ndi Namadzi, kumene tingafike chakumadzulo. Kumeneko kunali likulu la esiteti ya A. L. Bruce. Anthu okhala pa esitetiyo, ambiri mwa iwo Alomwe ochokera ku Mozambique, ankagwira thangata, ntchito yokakamizidwa yolipirira malo okhalapo. Woyang'anira esiteti, William Jervis Livingstone, ankadziwika ndi nkhanza, ndipo ankatentha timatchalitchi timene anthu a Chilembwe ankamanga pamalopo. Iye ndi mmodzi mwa azungu atatu amene adaphedwa pa kuukirako.

Koma nthaka ya Magomero ili ndi mbiri ina yakale kuposa imeneyi. Mu Julayi 1861, David Livingstone ndi Bishopu Charles Mackenzie wa mpingo wa Anglican adamasula gulu la akapolo 84 pamudzi wa Mbame, ndipo adadzakhazikitsa mishoni yawo pa Magomero. Imeneyi ndiyo mishoni yoyamba ya nthawi imeneyo m'dziko lino. Siidakhalitse. Mackenzie adamwalira ndi malungo pa 31 Januwale 1862 kufupi ndi pamene Ruo amathira mu Shire, mnzake Henry Burrup adamwalira mwezi wotsatira ndipo adaikidwa pa Magomero pomwepo, ndipo otsalawo adasamukira kuchigwa cha Shire. Taganizani, abale: pamalo pamene akapolo omasulidwa adayamba kumva Uthenga Wabwino, patapita zaka 50 anthu ankagwirapo thangata. Munthu woima pamenepo sasowa wina womuuza kuti ufulu ukapezeka umafunika kuusamala.

N'chifukwa chake tikuti malo atatuwa ayenderedwe tsiku limodzi. Nguludi payekha angatiphunzitse kuti ife ndife amene tidalakwiridwa. Mbombwe payekha angatiphunzitse kuti panalibe wosalakwa amene adavutika ndi dzanja la oukira. Tikaona onse atatu, timabwerera kwathu tikudziwa kuti misozi idagwa mbali zonse, ndi kuti muzu wake unali kusowa kwa chilungamo.

Ena adzafunsa kuti, kodi n'koyenera kuti achinyamata Achikatolika azipita kumalo a Abaptisti ndi a Anglican? Msonkhano waukulu wa Vatican II, m'chikalata chake cha 1964 chonena za umodzi wa akhristu, udalimbikitsa Akatolika kudziwa mbiri ndi maganizo a abale athu a mipingo ina. Kudziwa mbiri ya mnzako sikutaya chikhulupiriro chako. Komanso anthu a ku PIM timakumana nawo pamsika, pamaliro ndi m'kalasi, ena ndi azakhali ndi amalume athu. Nkhope ya Chilembwe timaigwira pa ndalama, ndipo pa 15 Januwale chaka chilichonse timapuma pomukumbukira. Si bwino kupuma pa tsiku la munthu amene kwawo sitidapondeko, chikhalirecho ndi pafupi.

Ena adzati gulu laling'ono limadula, pakuti anthu akachuluka mtengo wa galimoto umapepuka. N'zoona ndithu. Koma ulendowu ndi waufupi, sulira malo ogona, ndipo kamba aliyense angatenge wa kunyumba. Ngati achinyamata ali 60, apite maulendo asanu pa miyezi yosiyana, mphakati uliwonse ndi nthawi yake. Phindu la gulu laling'ono ndi lakuti wamanyazi naye amafunsa, nkhalamba yofotokoza siyifuula, ndipo pamanda pamatheka kukhala chete. Akulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Tikumbukenso kuti panjira ya ku Emausi oyenda anali awiri okha, ndipo maso awo adatseguka chifukwa panali wachitatu wowafotokozera.

Pokonza ulendo wotere, atsogoleri a achinyamata ayambe akambirana ndi bambo mfumu. Alembe kalata kwa eni malo onse atatu kupempha chilolezo, ndipo apemphenso kuti pamalo paliponse pakhale munthu wa pomwepo wofotokoza, pakuti mbiri ya Mbombwe imamveka bwino m'kamwa mwa mwana wa ku Mbombwe. Kwa mfumu ya dera tisalowe ngati mbuzi m'munda, tiyambe tapereka moni. Tivale modzilemekeza, tifunse tisanajambule chithunzi, ndipo tisachoke osasiya kangachepe kothokoza. Mmodzi m'gulu atenge kope ndi cholembera, alembe zimene zanenedwa ndi dzina la wonena, kuti gulu lotsatira liyambire pamenepo.

Tisazengereze. Chichitikire zinthu za 1915 papita zaka zoposa 110, ndipo amene adaziona ndi maso onse adatsogola. Atsala ndi agogo ochepa amene adazimva kwa makolo awo, ndiponso asisitere, akatekisiti ndi abusa okalamba amene adasunga zimene adauzidwa. Akhristu a ku Nagasaki adasunga chikhulupiriro chifukwa m'badwo uliwonse unkapeza munthu woufotokozera ndi munthu womvetsera. Ofotokoza kuno kwathu akadalipo. Pa msonkhano wa achinyamata ukubwerawu, tiyeni tisankhe tsiku ndi anthu 12 oyamba kukamvetsera.