ZIGOLI ZA M'THUMBA

Pali matenda amene agwira ambiri a ife ophunzira pa sukulu ino ya ukachenjede, ndipo popeza inenso ndinadwala matenda omwewo mpaka kuchititsa manyazi mudzi wathunthu, ndili ndi ufulu wowatchula poyera. Matendawa ndi okhulupirira kuti chinthu chikangolowa m'foni ndiye kuti chasanduka choona. Timapita kumudzi pa tchuthi titanyamula tinthu tathu tonyezimira, n'kuyamba kuona ngati zonse zimene anthu akhala akuchita ndi kope, choko ndi pakamwa ndi umbuli wodikira ife kuti tikauchotse. Ndinena za chinthu chimodzi chokha, kuwerenga zigoli pa masewero, pakuti ndi pamene ine ndinapsera.

Zinayambira kuno ku Zomba, m'chipinda chathu chogona. Mnzanga wina amene ali ndi azakhali ake ku America anandionetsa usiku wina masewero a softball a mwana wa azakhali akewo. Tinkangoona manambala akusintha okha pa galasi la foni. Kwa amene simukudziwa, baseball ndi softball ndi masewero a chibonga ndi mpira, ofananako ndi kiriketi. Mbali iliyonse imakhala ndi osewera asanu ndi anayi. Womenya akaphonya katatu watuluka, ndipo atatu akatuluka matimu amasinthana. Zowerenga zimachuluka zedi. Tsono kholo limodzi limakhala m'mbali mwa bwalo n'kumadina foni pa mpira uliwonse woponyedwa, womenyedwa kapena wogwidwa, agogo ali kutali akutsatira zonse, ndipo masewero akatha makinawo amalemba okha lipoti longa la m'nyuzipepala. Apu yake ndi GameChanger, imene inayamba mu 2009, ndipo mu 2016 inagulidwa ndi kampani yogulitsa zipangizo zamasewero ya Dick's Sporting Goods.

Ndinachita kaduka, sindibisa. Kamwana ka zaka khumi kali ndi mbiri yolembedwa ya mpira uliwonse umene kanamenyapo, pamene mlongo wanga, amene amaponya zigoli ngati akusankha usipa pa thandala, palibe pamene dzina lake linalembedwa.

Kwathu ndi ku Mwaya, m'boma la Nkhata Bay, kumwera kwa Chintheche ndi Kande, pamene msewu wa M5 umayenda motsata nyanja. Baseball sitiidziwa. Masewero athu ndi mpira wa miyendo ndi ntchemberembaye, ndipo pa awiriwa wovuta kuwerenga ndi wa ntchemberembaye. Pa mpira wa miyendo ngakhale woledzera amadziwa kuti zathera ziwiri kwa chimodzi. Koma pa ntchemberembaye, pamene atsikana asanu ndi awiri mbali iliyonse amasewera zigawo zinayi za mphindi 15, zigoli zimagwa ngati mango a mu Disembala, ndipo ukangotembenuka kupereka moni kwa mlamu wako wataya ziwiri. N'chifukwa chake kwathu kuli aphunzitsi ena opuma ntchito amene kwa zaka zambiri akhala akulemba zigoli m'kope la mizere. Chigoli chikalowa amalemba, kenaka amaimirira n'kufuula chiwerengero chonse kuti bwalo lonse limve, ndipo kamnyamata kena kamalemba ndi khala pa thabwa lopachikidwa pa mtengo.

Pa tchuthi cha Khirisimasi panali masewero a ndime yomaliza pakati pa timu yathu ndi ya mudzi wina wa kumtunda. Mphotho yake inali yunifomu yatsopano ndi mipira iwiri. Amene sanaonepo atsikana akusewera ndi mpira wosokedwa kasanu aseke. Ine ndinali nditapeza apu ina yaulere ya mabatani awiri, lina la timu iyi, lina la iyo. Ndinauza a komiti kuti za kope n'zachikale, ndipo anavomera osafunsa kanthu. Apa ndi pamene pamandiwawa mpaka lero: sanavomere chifukwa anamvetsa apuyo, anavomera chifukwa woyankhulayo anali mwana wa ku yunivesite.

Ndinapita kwa aphunzitsi aja nditavula chipewa. "Ada, lero mupumeko. Foni iwerenga."

Anandiyang'ana, n'kuyang'ananso foniyo. "Chabwino, mwana wanga. Koma kodi foniyo ifuula?"

Ndinaseka, poyesa nthabwala za okalamba. Iwo anakakhala pansi pa mtengo wa mango ndi kope lawo pa bondo, ndipo thabwa lija linakhala lopanda kanthu tsiku lonse.

Masewero anali otentha. Dzuwa linkawala pa galasi moti manambala ndinkawaona movutikira, chala chinali ndi thukuta, ndipo mlongo wanga akagoletsa ndinkalumpha ngati wina aliyense. Wezulo yomaliza italira, foni inati ife 31, iwo 30. Anthu athu anayamba kuvina. Koma amayi a kumtunda, amene ankawerenga ndi timiyala tosonkhanitsa pa nsalu, anakana kwamtuwagalu: zathera 30 kwa 30. Ine ndinakweza foni m'mwamba ngati m'busa akukweza Buku Lopatulika, n'kumati, "Onani nokha!" Mayi wina wachikulire anandifunsa funso limene aphunzitsi anga onse a kuno sanandifunsepo: "Tione chiyani, mwanawe? Icho chikunena zimene wachiuza iwe." Timiyala towerengera tija tinayamba kuoneka ngati tikufuna ntchito ina.

Chimene chinatipulumutsa ndi kope lomwe ndinalinyoza. Lamulo la ntchemberembaye limati chigoli chikalowa, masewero amayambiranso pakati pa bwalo, ndipo matimu amayamba mosinthanasinthana mosaona kuti wagoletsa ndani. Mlembi wodziwa ntchito yake amalemba zonse ziwiri, chigoli ndi timu yoyambira pakati, kotero kuti wina akawonjezera chigoli chabodza mndandanda wonse umapotoka n'kusiyana ndi zimene oimbira akuchita m'bwalo. Aphunzitsi aja anawerenga mokweza mzere ndi mzere, oimbira onse awiri akuvomera, amayi aja akusuntha timiyala tawo. Zonse zinagwirizana pa 30 kwa 30. Chigoli changa cha 31 chinalibe mboni. Penapake m'chigawo chachitatu, ndikulumpha, chala changa chinadina kawiri.

Anawonjezera nthawi kukuyamba mdima, ndipo tinagonja ndi zigoli ziwiri. Atsikana amene anali atavina kale ngati opambana analibenso miyendo. Madzulo, pa nsima ya kondowole, mlongo wanga anangoti, "Achimwene, mukanangokhala ku Zomba konko."

Ndikudziwa zimene ena mwa inu mukunena kale: cholakwa chinali chala, osati foni. Zoona, ndipo mfundo yanga ili pomwepo. Pensulo nayo imalakwitsa, aphunzitsi aja nawo ndi munthu. Koma iwo akalakwitsa amalakwitsa mofuula, pamaso pa anthu mazana, ndipo asanakhale pansi wina wawadzudzula kale. Cholakwa chimakhala ndi moyo wa mphindi imodzi. Changa chinakhala m'thumba zigawo ziwiri, chikukula mwakachetechete, n'kudzatulukira kumapeto chitavala jekete la sayansi. Chigoli si nambala chabe. Ndi pangano limene anthu a mbali ziwiri, osafunirana zabwino, amavomerezana pang'onopang'ono masewero ali mkati. Akuluakulu anati ichi n'chiyani n'kulinga muli awiri. Ngakhale malamulo a ntchemberembaye a dziko lonse amafuna alembi awiri, osati mmodzi. Pamene ma Queens anagonjetsa New Zealand 57 kwa 53 ku Gold Coast mu 2018, makompyuta analipo ochuluka, koma chiwerengero chinali pa bolodi lalikulu loonekera kwa aliyense wokhala m'holomo. Sichinali m'dzanja la mchimwene wake wa woponya zigoli.

Ndiponso ife Amalawi, mwa anthu onse, sitifunika kuphunzitsidwa za kuwerenga mobisa. Pa 3 Febuluwale 2020 khoti linathetsa chisankho cha pulezidenti cha mu Meyi 2019, ndipo china mwa zifukwa zake chinali tipeksi pa mapepala a zotsatira. Wina anganene kuti apa pepala ndilo linalephera. Ine ndikuti pepala ndilo linaulula. Tipeksi imaoneka, ngakhale agogo osadziwa kuwerenga akhoza kuloza pamene pafufutidwa. Nanga ndikanadina batani lobwezera m'mbuyo pa foni yanga kuti ndibere timu ya kumtunda, mayi wa timiyala uja akanaloza pati?

Palinso china chimene sitikonda kuchinena. Foni yokhoza kunyamula apu ili m'manja mwa yani ku Mwaya? Kawirikawiri ili ndi mnyamata, wa sukulu, wodziwa Chingelezi, wokhala ndi ndalama ya bandulo ndi yotchajitsira batire pa sola ya pagolosale. Masewero ndi a atsikana, owerenga enieni ndi amayi awo, koma ulamuliro wa chiwerengero tikuupereka kwa munthu amene sanagwirepo mpirawo. Timati tikubweretsa chitukuko, pamene tikungosamutsa mpando kuchoka pabwalo kupita m'thumba la buluku lathu.

Tikamasirira America, tizisirira choyenera. Apu ija sinagwe kumwamba. Mtolankhani wina wobadwira ku England, Henry Chadwick, ndiye amadziwika kuti anakonza njira yolembera masewero a baseball m'mabokosi, ndipo anaisindikiza m'nyuzipepala ya ku New York mu 1859. Chilembo K chimene amalemba womenya akatuluka pophonya katatu ndi chake, ndipo chikugwirabe ntchito. Kuchokera mu 1859 kufika mu 2009 papita zaka 150 za pensulo ndi pepala: makolo akuphunzitsa ana kulemba masewero, makalabu akusunga mabuku, nyuzipepala zikusindikiza manambala m'mawa uliwonse. Mpaka pano kuli anthu amene amalowa m'bwalo la baseball ndi khadi ndi pensulo. Apu inapeza mtundu wa anthu odziwa kale kulemba masewero, n'kungowapeputsira katundu. Ife tikufuna kufolera denga tisanazike mizati.

Koma inu okonda kuyamikira chilichonse chakale, musafulumire kundiwombera m'manja, chifukwa nanunso ndili nanu mawu. Nditapita kukapepesa kwa aphunzitsi aja ndinawapempha kuti andionetse makope a zaka zam'mbuyo. Anatulutsa atatu okha. Ena anadyedwa ndi chiswe, ena ananyowa chaka chimene denga linadontha, limodzi adzukulu anang'amba kukulungira zitumbuwa. Lero palibe munthu ku Mwaya amene angakuuzeni mtsikana amene anagoletsa zigoli zambiri zaka khumi zapitazo. Timangoti kunali wina wamtali, anakwatiwa ku Dwangwa. Mwai Kumwenda, amene anasankhidwa kukhala wosewera bwino koposa pa mpikisano wa dziko lonse ku Sydney mu 2015, anayambira pa bwalo la fumbi kwa Mtwalo m'boma la Mzimba. Ndani akudziwa kuti ndi angati onga iye amene anathera m'makope odyedwa ndi chiswe? Kusasunga zolemba kuli ndi mtengo wake. Mu 2011 anyamata a ku Uganda anapambana mwayi wokasewera mpikisano waukulu wa baseball ya ana ku Williamsport, ku America, koma anakanizidwa ziphaso zoyendera chifukwa zikalata za zaka zawo zobadwa sizinkagwirizana. Timu ina ya ku Uganda inadzapita chaka chotsatira, koma aja oyamba ulendo wawo unathera pa pepala.

Choncho foni ili ndi ntchito yake, ndipo sindikuti tiiponye m'nyanja. Foni ndi nkhokwe yabwino, si mboni. Masewero akatha, alembi awiri, mmodzi wa mudzi uliwonse, akayerekeza makope awo, akaputeni onse awiri akasaina pansi pa tsamba, pamenepo mnyamata wa ku yunivesite abwere ndi foni yake, ajambule tsambalo, alitumize pa WhatsApp kwa matimu onse ndi kwa aliyense amene amayang'anira masewero m'deralo. Chiswe sichidya chithunzi chimene chili m'mafoni khumi. Ntchito imeneyi ndi yosanyaditsa, ilibe mabatani owala, ndipo n'chifukwa chake palibe mmodzi wa ife amene amaifuna. Aliyense akufuna kukhala woyambitsa apu. Wofuna kukhala kalaliki palibe.

Ndi inu aphunzitsi athu a kuno, amene mumatipatsa mamalikisi ochuluka tikalemba za "njira zamakono zothetsera mavuto a kumudzi", ndikufunsani: ndi liti munatumapo wophunzira kuti akakhale pansi pa mtengo wa mango Loweruka lathunthu, aone mmene anthu amawerengera kale, asanawalembere mankhwala? Ine ndinaphunzira zaka ziwiri pano osadziwa kuti mpira woyambira pakati ndi wapolisi wa chiwerengero. Anandiphunzitsa ndi munthu amene ndinamuuza kuti apume.

Sabata yatha mlongo wanga, amene tsopano wayambanso kundiyankhula, anandiimbira. Akuti aphunzitsi aja anena kuti pa tchuthi chikubwerachi ndikabwere ndi makope awiri a mizere ndi bokosi la choko, ndipo kuti kamnyamata ka pa thabwa kaja kasankhidwa kupita ku sekondale, malo ake alipo ngati ndikuwafuna. Za foni sananenepo kanthu.