Nchito Waipeza, Manje Mantha Ni Ya Chani?

Ba mu komboni, sabata ino tikambeko nkhani yamene bambili timabisa. Wapasa Grade 12 bwino, wangena pa UNZA, olo bakukweza pa nchito kukhala supervisor. Kunyumba bantu bavina, koma iwe usiku tulo kulibe. Mumtima uli kukamba kuti: "Unali chabe mwayi. Tsiku lina bazaziba kuti palibe chamene niziba."

Mwandi, suli weka. Mu 1978, akatswili babili ba za maganizo, Pauline Rose Clance na Suzanne Imes ba ku Georgia State University ku Atlanta, America, banalemba za vuto yameneyi. Banaipasa zina yakuti impostor phenomenon, kutanthauza kuzimvela monga malo yamene ulipo unangenapo mwachinyengo. Kwa zaka 5 banakambisana na azimai opitilila 150, bena ba ma PhD, bena bana ba sukulu bopasa bwino maningi. Mapepala banali nayo, koma bambili banali kukamba kuti ni mwayi chabe, olo kuti bamene banabasankha banalakwisa. Clance mwine wake anavomela kuti pa univesiti anali kuyopa kuti wafeluka mayeso. Pambuyo pake vinaonekela kuti na amuna chimabagwila.

Clance anaona kuti chintu ichi chimazungulila. Bakakupasa nchito, mantha yabwela. Uyamba kusebenza mopitilila mpaka usiku, olo uzengeleza mpaka tsiku yomaliza. Nchito ikayenda bwino, ukamba kuti wapulumuka chabe. Mailo mantha yabwela futi.

Apa ndiye pali ngozi. Mpata wa promotion ukaoneka, sutumiza kalata. Mu meeting uli zii, nzelu yako aikamba munzako, ba bwana bamuombela m'manja. Ise tinaleledwa kuti kuzitama ni koipa, ni zoona. Koma kukana nchito ya manja yako si kuzichepesa, ni kuzibela weka.

Manje chita so. Clance na Imes banali kuuza bantu kuti bazilemba mau yabwino yamene bauzidwa pa nchito yabo. Gula ka buku, lemba, uzibelenga mantha yakabwela. Futi uzako munzako wamene umakhulupilila, uzadabwa kumvela kuti naye chimamuvuta. Ndipo muntu akakuyamika, osayamba vakuti "ah, ni mwayi chabe". Kamba zikomo, wasiliza.

Mayeso uja unalemba weka. Tizaonana sabata ya mawa.