Singano ya pamsana siboola fupa: yankho la mkonzi

Mawu akuti jakisoni wa pamsana amapuwalitsa, ndiponso kuti wodwala akachotsedwa madzi a pamsana sadzukanso, afala kwambiri ku Jenda ndi m'midzi ya kumwera kwa Mzimba, mpaka kutsidya kwa malire ku Lundazi. Amamveka pamsika, m'maminibasi a mumsewu wa M1, ngakhalenso pakati pa odikirira odwala kuchipatala. Ena amawonjeza kuti singanoyo imaboola fupa la m'chiuno, ndiye chifukwa chake mayi wobereka pa opaleshoni amavutika ndi msana moyo wake wonse. Mawuwa si oona, ndipo umboni wake uli m'kapangidwe ka mafupa a m'munsi mwa msana.

Msana wa munthu uli ndi mafupa 33 osanjikizana. M'khosi muli 7, kumbuyo kwa chifuwa kuli 12 ogwirana ndi nthiti, ndipo m'munsi mwake muli mafupa 5 akuluakulu amene madokotala amawatchula L1 mpaka L5 kuyambira pamwamba. Awa ndiwo amasenza kulemera kwa thupi lonse la kumtunda. Pakati pa fupa ndi linzake pali chichereŵechereŵe chofewa chimene chimateteza mafupa kuti asakhulane. Chakumbuyo, pakati pa nsonga za mafupa zimene munthu amazikhudza akapapasa msana, pali mipata yotsekedwa ndi minofu yolimba yokha. Munthu akawerama, mipatayi imakula.

Pansi pa L5 pali fupa la makona atatu lotchedwa sacrum, lotambalala pamwamba, losongoka pansi. Mwa mwana fupali limakhala timafupa 5 tosiyana, tomwe timayamba kulumikizana m'zaka zachinyamata mpaka kusanduka fupa limodzi lolimba munthu akakhwima. Lili ndi mabowo anayi mbali iliyonse, kutsogolo ndi kumbuyo komwe, motulukira mitsempha yopita kumiyendo, kuchikhodzodzo, kumatumbo a kumapeto ndi kumaliseche. Kumanja ndi kumanzere fupali limagwirana ndi mafupa awiri aakulu a chiuno, ndipo pa mfundo ziwiri zimenezi ndi pamene kulemera kwa thupi kumawolokera kupita kumiyendo. Kunsonga kwake kuli kafupa ka mchira, kopangidwa ndi timafupa 3 mpaka 5, kawirikawiri 4. Mwa akazi sacrum imakhala yaifupi koma yotambalala kuposa mwa amuna, chifukwa ndiyo khoma la kumbuyo la njira yodutsa mwana pobadwa.

Mfundo yaikulu pankhaniyi ndi ya mtsempha waukulu wochokera ku ubongo, umene umatsika m'ngalande ya mkati mwa mafupa a msana. Anthu ambiri amaganiza kuti mtsemphawu umafika mpaka kumchira, koma ayi. Mwa munthu wamkulu umathera pa L1 kapena L2, pamwamba ndithu pa chiuno. Kuchokera apo kumatsika timitsempha tating'ono tokhatokha, tolendewera ngati ubweya wa litchowa la ovina ingoma, toyandama m'thumba la madzi limene limathera mkati mwa sacrum, pa chigawo chake chachiwiri. Singano yopyapyala ikalowa m'thumbali, timitsemphato timapatuka.

Wachipatala sabaya mwachisawawa. Amakhazika wodwala chowerama kapena kumugoneka cham'mbali atapinda mawondo, kenaka amapapasa nsonga za mafupa awiri a chiuno. Mzere wolumikiza nsonga ziwirizi umadutsa chapafupi ndi L4. Singano imalowa pampata wa pakati pa L3 ndi L4, kapena pakati pa L4 ndi L5: pansi pa pamene mtsempha waukulu wathera, pamwamba pa sacrum. Ikagunda fupa siingapitirire, kotero wobayayo amaibweza pang'ono n'kufuna mpata. Njirayi si yachilendo. Heinrich Quincke anayamba kuchotsa madzi a pamsana mu 1891, ndipo August Bier anachita opaleshoni yoyamba ndi mankhwala ochititsa dzanzi obayira pamsana mu 1898 mumzinda wa Kiel ku Germany.

Ena amati madzi a pamsana akachotsedwa munthu amauma, koma si choncho. Thupi la munthu wamkulu limasunga pafupifupi mamililita 150 a madzi amenewa nthawi imodzi, koma ubongo umapanga pafupifupi mamililita 500 tsiku lililonse, akale n'kumalowa m'magazi. Otengedwa kukayezedwa ndi mamililita ochepa chabe, ndipo thupi limawabwezeretsa m'maola owerengeka.

Nanga bwanji ena amamwalira atangobayidwa? Funsoli ndi lomveka, ndipo amene anaika m'bale wawo m'manda sayenera kunyozedwa polifunsa. Yankho lili pa mtundu wa wodwala amene amafunika kuyezedwa motere. Madzi a pamsana amatengedwa makamaka kwa munthu woganiziridwa matenda oumitsa khosi, amene amatha kupha m'masiku ochepa. Wodwala wochokera kumudzi wakutali, amene wayamba wathera masiku kunyumba kapena kwa asing'anga, amafika ku Embangweni kapena kuchipatala cha boma ku Mzimba matenda atalowa kale mu ubongo. Achibale nawo nthawi zina amakana kuyezako mpaka wodwala atatsala madzi amodzi, n'kuvomera mochedwa. Akamwalira, chimene anthu anachiona ndi maso ndi singano, ndiye imasenza mlandu wa matenda. Mbiri ikafala, banja lina limachedwanso kuvomera, ndipo imfa yotsatira imaoneka ngati umboni watsopano.

Pa matenda oumitsa khosi a mtundu wa cryptococcal, ofala mwa anthu amene chitetezo chawo chatsika ndi HIV, kuchotsa madzi ndi mankhwala pakokha. Madzi amachuluka n'kupanikiza ubongo, mutu n'kumawawa koopsa, maso n'kumachita mdima. Kuchepetsa madziwo kumapulumutsa moyo, ndipo bungwe la World Health Organization limalangiza kutero, ngakhale kangapo ngati pafunika. Malawi inatenga nawo mbali pa kafukufuku wa AMBITION, amene anachitika ku Blantyre ndi ku Lilongwe pamodzi ndi m'maiko a Botswana, South Africa, Uganda ndi Zimbabwe, ndipo zotsatira zake za mu 2022 zinasintha malangizo a kaperekedwe ka mankhwala a matendawa. Popanda kuyeza madzi, n'kovuta kusiyanitsa mtundu umenewu ndi woyambitsidwa ndi mabakiteriya kapena TB, pamene uliwonse uli ndi mankhwala akeake.

Kuwawa kwa msana pambuyo pobereka nakonso kuli ndi magwero ake odziwika. Mayi akakhala woyembekezera, thupi limafewetsa minofu yomanga mfundo za pakati pa sacrum ndi mafupa a chiuno kuti njira ya mwana itakasuke. Mimba ikamakula, msana umapindikira kutsogolo ndipo mfundo ya pakati pa L5 ndi sacrum imapanikizika. Pobereka, mutu wa mwana umakankhira kafupa ka mchira kumbuyo, nthawi zina n'kukavulaza. Ndiponso amayi ambiri opita ku opaleshoni amakhala atavutika kale maola ambiri mwana atakakamira m'chiuno. Kafukufuku woyerekeza amayi obayidwa pamsana ndi osabayidwa sanapeze kuti kubayako kumabweretsa kuwawa kwa msana kokhalitsa. Amayi obereka bwinobwino nawonso amadandaula msana. Mayi akabwerera msanga kumunda ndi khasu, kusenza ndowa ya madzi kapena dengu la tomato kupita pamsika wa Jenda, mwana ali kumsana, mfundo zofewazo sizipeza nthawi yochira. Kwa opaleshoni yoberekera, jakisoni wa pamsana ndi wotetezeka kuposa kugonetsa thupi lonse, chifukwa mayi amapuma yekha ndipo amakhala maso.

Izi sizitanthauza kuti jakisoniyu alibe zovuta. Ena amamva mutu waukulu akadzuka, umene umachepa akagona ndipo kawirikawiri umatha m'masiku angapo. Pobayidwapo pamatha kuwawa masiku ochepa. Pa opaleshoni, kuthamanga kwa magazi kumatha kutsika, n'chifukwa chake wodwala amaikidwa diripi ndi kuyang'aniridwa. Kuvulala kokhalitsa kwa mitsempha kumachitika mwa apo ndi apo kwambiri. Pali odwala amene sayenera kubayidwa: amene ali ndi chilonda pamalo obayira, amene magazi awo saundana, ndi amene akusonyeza zizindikiro za chotupa mu ubongo. Wachipatala amayamba wapima zimenezi, ndipo wodwala ndi abale ake ali ndi ufulu wofunsa chifukwa chobayira, zoopsa zake, ndi chimene chingachitike akakana. Safunsa anadya phula; achipatala nawo ali ndi udindo woyankha mofatsa, m'Chitumbuka kapena m'Chichewa, osati kungotambasula pepala losayina.

Zizindikiro zofunika kuthamangira nazo kuchipatala tsiku lomwelo ndi izi: mutu waukulu pamodzi ndi kutentha thupi, kuuma khosi, kusokonezeka maganizo kapena kukomoka. Kumbali ya msana, dzanzi la pakati pa miyendo, kulephera kukodza kapena kusunga chimbudzi, ndi kufooka kwa miyendo zimasonyeza kuti mitsempha ya m'munsi mwa msana yapanikizika. Msana wowawa kwa milungu yambiri pamodzi ndi kuwonda ndi thukuta la usiku ukhoza kukhala TB ya mafupa, imene imachizika ikapezeka msanga. Pa zonsezi, ngozi yaikulu ili pa kuchedwa, ndipo mafumu, atsogoleri a mipingo ndi alangizi a zaumoyo a m'midzi ayenera kunena zimenezi momveka.