Kalata kwa Mkulu wa MERA: wokana bilu ya magetsi ku Makwasa alowere kuti?

Bwana Mkulu,

Ndikulemba kuchokera ku Makwasa, m'boma la Thyolo. Kuno magetsi ndiwo amayendetsa zigayo, makina owotcherera zitsulo, mashini ometera ndi mafiriji a amayi ogulitsa mafirizesi. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko, n'chifukwa chake ndabwera kwa inu ndi nkhani ya munthu amene wapatsidwa bilu koma sakugwirizana nayo.

Papepala, njira ya munthu wotere ndi yoongoka. Amayamba wadandaula ku ESCOM. Zikakanika amabwera kwa inu, poti lamulo la 2004 limene linakhazikitsa MERA linakupatsani udindo womva madandaulo a makasitomala pa makampani amene mumawapatsa ziphaso. Gawo 43 la Malamulo Aakulu a dziko lino likuti aliyense wokhudzidwa ndi chigamulo cha akuluakulu ayenera kuchitiridwa mwachilungamo, ndiponso kupatsidwa zifukwa zake zolembedwa. ESCOM ndi kampani ya boma, ndipo wa ku Makwasa alibe kwina kogula magetsi a pa mapolo. N'chifukwa chake ndikuona kuti ikalemba kuti uje ali ndi ngongole, iyenera kutsata gawo limeneli.

Tsopano tiyerekeze mayi wa chigayo. A ESCOM amuuza kuti mita yake inkawerenga moperewera, kapena kuti inaseweretsedwa, ndipo amuwerengera ndalama za miyezi yam'mbuyo. Mayiyo ali ndi mafunso atatu. Mwayambira mwezi uti? Mwadziwa bwanji mayunitsi amene ndinagwiritsa ntchito pomwe inu nomwe mukuti mita inali yolakwika? Nanga miyezi ya njala, imene chigayo chimangokhala zii chifukwa anthu alibe chimanga, mwaiwerenga mofanana ndi ya kukolola? Ngati kalata imene walandira ili ndi chiwerengero chokha, mayiyo alibe pogwira. Sangatsutse masamu amene sanawaone.

Anthu a kuno amadziwa bwino za kuyeza. Wothyola tiyi akasenza dengu kupita pa sikelo, amaima pomwepo n'kuona makilogalamu ake kalaliki asanalembe. Mita ya magetsi nayo ndi sikelo. Ikachotsedwa n'kukayesedwa kwina mwini wake palibe, woyesayo n'kukhala yemweyo wofuna ndalamazo, ngakhale zotsatira zitakhala zoona palibe angazikhulupirire.

China ndi mtunda. Ofesi yanu yoyandikira ili ku Blantyre, makilomita oposa 60 kuchokera kuno. Wodandaula akwere minibasi mpaka pa boma la Thyolo, apitirire ku Limbe, atseke bizinesi tsiku lonse, mwinanso auzidwe kuti abwere sabata yamawa. Ofesi ya Ombudsman ilipo, Khoti Lalikulu liliponso, koma kukhotiko pempho loti liunikenso chigamulo liyenera kufika pasanathe miyezi itatu, ndipo nthawi zambiri pamafunika loya. Wowotcherera zitseko pamsika ndalama ya loya aitenga kuti? Mapeto ake munthu amangolipira kuti magetsi ayake, mumtima akudziwa kuti mlandu wake sunamveke.

Sindikuikira kumbuyo akuba magetsi ayi. Olumikiza mawaya mwachinyengo amaika miyoyo pachiswe, ndipo mtengo wa kuba kwawo timausenza ndife olipira. Agwidwe, alipire. Koma wakuba ndi wosalakwa amasiyanitsidwa ndi umboni, ndipo umboniwo uyenera kuonekera.

Ndikupempha zinthu zinayi zimene zili m'manja mwanu.

Lamulani kuti bilu iliyonse yowerengera zam'mbuyo izibwera ndi masamu ake: miyezi, mayunitsi, mtengo wa yunitsi pa nthawiyo, ndi chifukwa chake. Zilembedwe m'Chichewa komanso m'Chingerezi, ndipo pansi pake pakhale nambala ya MERA ndi masiku amene munthu ali nawo kuti achite apilo.

Munthu akapereka dandaulo, a ESCOM asamudulire magetsi kapena kumudula ndalama pogula mayunitsi chifukwa cha gawo limene akulikanalo, kufikira chigamulo chitatuluka. Zimene sakutsutsa azilipira monga mwa nthawi zonse.

Mita yokanganirana iziyesedwa mwini wake kapena womuimira akuona, pamaso pa munthu wosakhala mbali. A Malawi Bureau of Standards amayesa kale masikelo ndi mapampu a mafuta, choncho nzeru yake si yachilendo.

Chomaliza, bwerani kuno. Ikani masiku odziwika pachaka pamene maofesala anu azikhala pa boma la Thyolo kumva madandaulo, ndipo muzilengezeratu pa wailesi, m'matchalitchi, m'mizikiti ndi kudzera kwa mafumu, kuti a ku Thekerani nawo amve. Dandaulo lililonse lipatsidwe nambala, ndipo mwini wake auzidwe tsiku lolandira yankho.

Bwana Mkulu, mitengo ya magetsi ikamakwera mumatiitana ku misonkhano kuti tiyankhulepo. Tikupempha kuti mutimvenso pamene munthu mmodzi, ndi mita yake imodzi, akuti amuwerengera molakwa. Tikudikira yankho lanu, ndipo libwere lolembedwa.

Ine wanu,
Wogula mayunitsi,
Makwasa, Thyolo