Fumbi nalonso ndi malonda

Anzanga a mumsika, chaka chilichonse pamakhala mpikisano wa galimoto wa dziko lonse wotchedwa World Rally Championship. Amayambira ku Monte Carlo mu Januwale, koma kumene azungu aja amatuluka thukuta zenizeni ndi ku Kenya, pa Safari Rally.

Mpikisano wa ku Kenyawu unayamba mu 1953. Itatha 2002 eni masewerowa anauchotsa pa ndandanda, koma a Kenya anakakamira mpaka unabwerera mu 2021 ku Naivasha. Chimene alendo amatsatira kumeneko ndi miseu yoipa basi: fumbi, matope, miyala. Anthu amakhamukirako, ndipo wootcha nyama, wa mowa ndi wa resitihausi amawerenga ndalama mpaka zala kuwawa.

Nanga ife ku Kasungu tikusowa chiyani? Ine ndikuti takwerani matola ya ku Chamama mvula itagwa, kapena lole ya mabelo a fodya yochoka ku esiteti kupita ku Chinkhoma. Dalaivala amazemba maenje ngati akuvina, kumbuyo atapakira anthu 20 ndi mbuzi. Anzathu a rally amakwera awiri okha, atamanga malamba, mseu atawatsekera. Katswiri ndani pamenepa?

Pafupi pompa ku Zambia kunatuluka Satwant Singh, amene anatenga ukatswiri wa Africa maulendo 8. Ife zii.

Akuluakulu, ngati giledala yakanika kubwera, tiitanireni a rally. Mandasi ndi chimanga chootcha tikonza ife.